Mabatani a Kumanzere

Supuni inafika pamlomo, mlomo n'kutseka. Esnart anauziranso phalalo ngakhale linali litazizira kale, n'kuyesanso, koma a Benedicto anatembenuzira nkhope kukhoma. Dzanja lawo lamanzere, lokhalo limene matenda a sitiroko anawasiyira, linali pabondo, ndipo chala chachikulu chinkangoyenda uku ndi uku pathalauza ngati chikusaka nsabwe.

"Ababa, supuni ziwiri zokha. Ndatendera bwinobwino, talawani."

Kuyankha kunali kovuta kale. Chigwere m'munda wa mtedza zaka zitatu zapitazo, mawu amene ankatuluka pakamwa pawo anali atatu basi: "iyayi", "madzi" ndi "Lasi". Tsopano Lasiyo, mwana wawo womaliza Laston, anali atagona masiku anayi kumanda. Lole ya soya inamugunda pamsewu wa ku Mkanda ali pa njinga yake yamoto ya kabaza, masanasana, ndipo amene anamunyamula ankati sanamve ululu. Anthu amatero nthawi zonse.

Chiikire maliro, mkuluyo anali asanameze kalikonse kupatula madzi. Esnart anali atayesa phala, tiyi wa mkaka, mbatata yophwanya, ngakhale msuzi wa kanyama kamene kanatsala pamaliro. Anali atanyengerera, atakalipa, atapepesa chifukwa chokalipa. Msana unkamuwawa ndi kugona pansi, maso anali otupa, ndipo kunena zoona chisoni chinali chitayamba kusanduka mkwiyo. Mlongo wake anamulira mokwana. Tsopano ankangofuna munthu wina agwireko supuniyo.

Pakhomo panaima Kwacha, woyamba kubadwa, amene ankapikula zitenje ku Chipata n'kumagulitsa pa boma. Kwacha sankalankhula ngati anthu ena onse, ankalankhula ngati watsegula msonkhano. M'manja anali ndi foni ya malemu.

"Adya?"

"Mukuona nokha."

A Benedicto atangoona foniyo anatembenuka. Anatambasula dzanja, kukhosi kukutuluka kaphokoso kamene Esnart anali asanakamvepo. Kwacha anayang'ana mlongo wake, kenako n'kuika foniyo pabondo la bambo ake. Chala chija chinayamba ntchito. Chinapalasa sikirini kupita uku, kubwerera, kupitanso, mofulumira kuposa mmene munthu angayembekezere kwa nkhalamba yodwala. Chinafufuza, chinafufuza, kenako chinaima. Mkuluyo anakankha foniyo ndi kuseri kwa dzanja n'kugwera pamphasa.

"Iyayi," anatero, n'kutembenukiranso kukhoma.

"Akufuna zithunzi za mwana wawo," anatero Kwacha akutola foniyo n'kuipukuta pamalaya. "Mulibe. Ndinakaifulashitsa dzulo pa Kamwendo."

"Mwafufuta zonse?"

"Nanga ndikanatani? Zovala zake tinachapa tisanagawane, si choncho? Foni nayo ndi chimodzimodzi. Sungayende ndi foni ya munthu wakufa m'thumba, mauthenga akungobwera, 'a kabaza muli pati, ndili pa chigayo.' Simu ndataya, zonse ndafufuta. Ine sindikanatha."

Pamenepo Esnart sanatsutse. Tsiku losesa, akuluakulu atakhala pansi pa mtengo wa mango kugawa katundu wa malemu, foni inapita kwa Kwacha chifukwa ndiye mwamuna wotsala, ndipo palibe amene anaonapo cholakwika. Katunduyo sanali wambiri: jekete, nsapato za kutchalitchi, wailesi, chipewa cha njinga chong'aluka chimene aliyense anakana, ndi kathabwa kena kokulungidwa ndi mphira wa chubu kamene palibe anadziwa ntchito yake. Kathabwako anakaponya pamulu wa nkhuni.

Anatulukira panja. Kunali kozizira, mphepo ya mu Julaye ikuulutsa makoko a mtedza pabwalo. Pakhonde panakhala Rozi, mkazi wamasiye, mpango wakuda kumutu, akuswa mtedza m'lichero. Kwawo kunali kwa Mavwere, ndipo abale ake anali atanena kale kuti mwezi ukatha, akuchimuna akamusudzula, abwera kudzamutenga. Zaka zonsezi Rozi ankaphika ndi kuchapa, koma m'chipinda cha apongozi ake sankalowa. Kusambitsa, kumeta ndevu, kunyamula kupita kuchimbudzi, kudyetsa, zonsezo anali Laston. Abale enawo ankazidziwa zimenezi monga mmene munthu amadziwira kuti nyumba ili ndi maziko, osawaganizira.

"Ndalankhula ndi azakhali ku Phalombe," Kwacha anayamba, manja ali kumbuyo. "Avomera. Galimoto ndapeza ya mnzanga, inyamuka Loweruka m'mawa."

"Azakhali oyendera ndodo aja?"

"Kuli abale ambiri kumeneko. Ndi kwathu."

"Kwathu kwa ndani, achimwene? Ababa anachokako mu 1989. Inu munali kumsana, ine kunalibe. Analima fodya wa eni ake pa esiteti zaka khumi ndi zisanu mpaka kupeza kamunda aka. Amayi agona kuno. Laston wagona kuno. Ndiye mukawatule kwa anthu amene sanawaonepo chiyambire matendawa?"

"Chabwino. Ukhale nawo iweyo."

Ntchito ya Esnart inali ku Lilongwe, pa bekare ina ya ku Area 25, ndipo bwana wake anali atamuimbira kawiri: akapanda kuoneka Lolemba, pauvuni paima wina. Ntchitoyo anaisaka zaka ziwiri. Kwacha ankadziwa zonsezi, n'chifukwa chake ananena mofatsa chotero.

"Ukuona? Aliyense ali ndi pake. Akazi anga sangasambitse apongozi awo, mlamu apayu akupita. Komanso munthu sakudya, Esnart. Lero ndi tsiku lachinayi. Mwina akaona kwawo mtima ukakhala pansi. Apo ayi, ndiye kuti akapumira kwa makolo awo."

"Mukulankhula ngati mwagula kale bokosi."

"Ndikulankhula ngati munthu wotopa. Kapena iwe sunatope?"

Makoko anasiya kulira m'lichero.

"Alamu," anatero Rozi, maso ali pansi, "abambo sadya asanathamange."

Onse awiri anamucheukira.

"Kuthamanga?"

"Galimoto. Ya m'foni. Malemu akabwera masana ankalowa m'chipindamo ndi foni, n'kumasinthana. Ine ndinkangomva kulira kwa injini ndili pano. Akatha m'pamene ankaitana kuti ndibweretse chakudya pakhomo. Tsiku lina foni inatha moto, abambo anagona ndi njala."

"Nanga bwanji osanena masiku onsewa?" Kwacha anafunsa mokweza.

"Tsiku logawa lija ndinafuna kunena. Akuluakulu anati wamasiye salankhula pa katundu."

Mawuwo anawanena ndi Kwacha yemweyo.

Esnart anakhala pansi pakhondepo. Anakumbukira Khirisimasi yapita, atabwera kudzacheza tsiku limodzi lokha. Anapeza Laston pamphasa pafupi ndi bambo awo, foni ili pabondo, lilime lili panja. Anamunyoza pamaso pa Rozi: "Bambo wamkulu, ndevu zonsezo, kumasewera magemu ngati mwana wa sitandade folo? Anzako akumanga nyumba za malata." Laston anangoseka n'kunena kuti, "Asisi, ndikuphunzitsa dalaivala." Iye anaganiza kuti ndi nthabwala zake zija zopanda mchere, ndipo mawu amenewo ndiwo anali omaliza kulankhulana naye maso ndi maso. Manyazi anamugwira tsopano, ndipo woti amupepese panalibe.

Rozi anamasula mfundo ya pakona pa chitenje chake. Munali kakhadi kakuda, kakang'ono ngati chikhadabo.

"Wofulasha uja anachotsa aka m'fonimo. Alamu anandipatsa kuti mwina muli zithunzi za ukwati. Malemu ankati zofunika zonse amasunga umu."

Esnart anakalandira ndi manja awiri, n'kutembenukira kwa Kwacha. "Ndibwerekeni foniyo, achimwene."

"Ndaikamo kale manambala a makasitomala, ndipo masana ano ndikupita pa boda kukapikula zitenje. Komanso tisanamizane, Esnart. Munthu wamkulu ngati ababa sangachire ndi zidole."

Esnart sanatsutsane naye. Mphamvu zake zinali zitathera pa supuni. Analowa m'nyumba, anatenga foni yake, n'kumanga chitenje.

Njinga yamoto anakana kukwera ngakhale anzake a Laston awiri anaima kuti amutenge. Anakwera yakapalasa, ndipo anafika pa Kamwendo dzuwa lili pamutu. Kashopu kamene Rozi anamulozera kanali ka matabwa, kopanikizika pakati pa wometa ndi wokazinga tchipisi. Pachitseko panalembedwa ndi penti yobiriwira kuti TIMAIKA NYIMBO, MAFILIMU, MAGEMU. M'kati munakhala Gerald, bambo wonenepa wa imvi zapatalipatali, magalasi omangidwa ndi ulusi, kutsogolo kwake kuli kompyuta yakale yofunditsidwa kansalu.

Esnart atanena kuti ndi mchemwali wa Laston, Gerald anatsitsa nyimbo.

"Pepani, asisi. Kumanda ndinaliko. Ndipo ndine ndinafulasha foni ija, ndisabise. Ndinawafunsa kawiri achimwene anuwo, ndinati mwaonetsetsa? Anati fufuta."

"Sindinabwerere mlandu. Ndikufuna gemu ya galimoto imene inali m'menemo. Muike mu yangayi."

Gerald anamuyang'ana pamwamba pa magalasi. Mkazi wa maso otupa, masiku anayi chiikire maliro, kufuna gemu. Koma sanafunse. Analowetsa kakhadiko m'kompyuta.

"Mukudziwa, magemu amenewa si a foni ayi," anatero akudikira. "Anapangidwira kachipangizo kena kam'manja, kakale, kamene ambiri kuno sitinakagwirepo. Ndiye pali pulogalamu imene imanamiza gemu kuti foni yanu ndi kachipangizo komweko. Koma pulogalamuyo payokha ndi mbale yopanda kanthu. Muyenera kuikamo fayilo ya gemu, n'kuiuza pamene mwaika. Anthu ambiri amalephera pamenepo, n'kumabwera kuno kuti foni yafa."

Pakompyuta panaoneka mafoda. Nyimbo za kwaya. Zithunzi za ukwati. Pansi penipeni panali foda yolembedwa ndi zilembo zikuluzikulu: ZA ABABA OSAFUFUTA.

Esnart anagwira thebulo. Gerald anakhosomola, n'kuitsegula.

"Munthuyu anali wadongosolo. Taonani, pulogalamu iyi. Foda iyi ndi yosunga pamene wosewera walekezera. Gemu yake ndi iyi, koma ndi yomanga. Yomasula inali m'foni, inapita ndi kufulasha kuja. Iyi anaipanikiza ngati belo la fodya kuti isadye malo. Pulogalamu singaione mpaka tiimasule."

Kumasulako kunatenga nthawi. Kamzere kobiriwira kankakwawa pakompyuta, kuima, kukwawanso. Utsi wa tchipisi unkalowa pachitseko. Esnart anakhala pabenchi, mutu atautsamiritsa kukhoma, ndipo akanagona pomwepo Gerald akanapanda kulankhula.

"Pa gemu imeneyi kunalibe womuposa pa Kamwendo pano. Akamadikira makasitomala ankakhala pabenchi yomweyo. Msewu wa m'phiri uja, wokhotakhota, ankaumaliza mphindi ziwiri zisanakwane. Ine ndinayesa mwezi wathunthu, sindinafikepo." Anatambasula dzanja. "Bweretsani foni."

Anaitembenuza, anadina apa ndi apo, n'kupukusa mutu.

"Yadzaza. Ndipo ngakhale mufufute zonse, gemuyi sikwana, foni yake ndi yaing'ono. Ikhale pakhadi pomwepa, khadiyo ilowe m'foni." Anatenga kasingano n'kutulutsa kathireyi ka m'mbali. "Koma taonani. Malo ndi awiri basi. Muli ndi masimu awiri, khadi ndi yachitatu. Zonse sizilowa. Ichoke iti?"

Esnart anayang'ana timakhadi tiwirito. Ina inali nambala yake yakale, imene ankaidziwa Kwacha, azakhali ndi amayi a kutchalitchi. Inayo inali ya ku Lilongwe, imene ankaimbira bwana ndi anzake a pa bekare. M'mawa womwewo inali italira kachitatu iye osayankha.

"Palibe njira ina?"

"Ilipo. Kugula foni ina."

Esnart anauza mtima wake kuti ndi masiku awiri okha, Lamlungu adzaibwezera. Mtimawo sunamukhulupirire kwenikweni.

"Chotsani iyo," anatero, akuloza ya ku Lilongwe.

Gerald anaikulunga m'kapepala n'kumupatsa. Kenako anayatsa foni, anaika pulogalamu, ndipo anamuitana kuti ayandikire. "Muone bwino, chifukwa tsiku lina mudzasintha foni ine kulibe. Choyamba pulogalamu. Chachiwiri khadi. Chachitatu muilozere foda, iyi ya ababayi, osati ina. Mukalozera ina idzakuuzani kuti mulibe kanthu. Tabwerezani."

"Pulogalamu. Khadi. Foda ya ababa."

Anabwereza kawiri ngati katekisimu. Gerald anadina, ndipo pa sikirini panatulukira kachithunzi ka galimoto yofiira. Anadinanso. Injini inalira, msewu unaoneka, ndipo pamwamba pa msewuwo panatulukira mabatani oonekera ngati galasi.

"Aa, apa zasokonekera," anatero Gerald. "Mabatani amayenera kukhala mbali zonse ziwiri, chiwongolero kumanzere, mafuta ndi buleki kumanja. Awa aunjikana mbali imodzi, komanso akula ngati mandasi. Dikirani ndibwezere mwakale."

"Musakhudze."

Ananena mokweza moti wometa wa pafupi anasuzumira. Esnart analanda foniyo, anaiika pabondo, dzanja lamanja n'kuliika kumbuyo. Batani la mafuta linali pakati, lalikulu. Okhotera anali m'mbali mwake, atalikhudza, kuti chala chimodzi chikangopendekeka chigwire awiri nthawi imodzi. Anaikapo chala chachikulu cha kumanzere n'kuchiyendetsa uku ndi uku. Kunali kuyenda komwe kuja kumene ankakuona pathalauza la bambo ake masiku anayi, iye n'kumaganiza kuti ndi kunjenjemera kwa matenda.

Gerald anavula magalasi n'kuwapukuta nthawi yaitali. "Sindinadziwe," anatero. "Kuno ankasewera pa foni yanga."

Esnart atafika kunyumba anapeza Kwacha atakhala pansi pa mango. Pa boda sanapite. Anati magalimoto avuta, ndipo palibe anamufunsa zambiri. Rozi atangoona nkhope ya Esnart anadzuka, anapita pamulu wa nkhuni, n'kubwera ndi kathabwa kaja akukapukuta ndi chitenje.

"Amamanga pantchafu," anatero. "Foni imalowa pamphirapa kuti isaterereke."

A Benedicto anali chigonere, nkhope kukhoma. Esnart anangodina kachithunzi kofiira kaja, injini n'kulira m'chipindamo.

Mkuluyo anatembenuka pang'onopang'ono. Anayang'ana pakhomo kaye, ndipo Esnart anadziwa amene ankamuyembekezera. Pakhomopo panali Kwacha, ndi Rozi atagwada kumbuyo kwake. Maso a mkuluyo anakhala pamenepo kanthawi, kenako anatsikira pa foni. Esnart anawadzutsa, anawatsamiritsa kukhoma, anamanga kathabwako pantchafu yawo monga Rozi ankamuuzira ali pakhomo. Chala chinapeza malo ake chokha.

Sanayendetse bwino. Njala ya masiku anayi si masewera. Galimoto yofiira inagunda khoma pakona yoyamba, inagwera m'udzu pa yachiwiri, penapake inatembenuka n'kuyamba kubwerera kumene inachokera. Koma chala sichinachoke. Malovu ankatsika kumbali yakufa ya mlomo, Esnart n'kumapukuta, iwo osamuona n'komwe. Atadutsa mzere womaliza, wotchi ya pakona inaima pa mphindi zisanu ndi imodzi ndi masekondi makumi anayi. Anapumira m'mwamba ngati munthu wotula mtolo.

Kenako anakankhira kathabwako kwa Esnart.

"Ababa, ine sindidziwa."

"Amasinthana," anatero Rozi ali pakhomo. "Sangadye musanayendetse inu."

Esnart anakhala pamphasa, anamanga kathabwako pantchafu yake, n'kuyamba ndi chala cha kumanzere. Nayenso anagunda khoma. Anagundanso. Koma pakona yachitatu chala chinayamba kumva, ndipo kwa nthawi yoyamba chimwalirire Laston anaiwala msana, anaiwala uvuni, anaiwala Loweruka. Panali msewu basi.

"Khota iwe! Khota!" anakuwa Kwacha, munthu yemwe uja ankati ndi zidole.

Anatsika phiri. Patsogolo panaoneka mbendera ndi mzere woyera. Wotchi inali isanafike mphindi zisanu ndi imodzi. Esnart anakanikiza mafuta ndi mphamvu zonse, akuseka osadziwa kuti akuseka.

Dzanja linamugwira pamkono. Linali louma, lozizira, koma lamphamvu ngati kale pamene linkamanga mabelo. Linanyamula chala chake kuchichotsa pa batani. Galimoto inayenda pang'ono yokha, n'kuima mzere uli pamphuno.

"Ababa, ndisiyeni! Ndatsala pang'ono!"

A Benedicto sanamuyang'ane. Maso awo anali pa wotchi ya pakona. Manambala ankayenda, injini ikulira pansipansi, m'chipinda monse muli zii. Masekondi khumi. Makumi awiri. Makumi atatu. Esnart ankamva kupuma kwa bambo ake pakhutu. Wotchiyo itangodutsa nthawi yawo ija, dzanjalo linamasuka. Linasisita mkono wake kamodzi, ngati likuti pita tsopano.

Anadutsa mzere. Pa sikirini panatulukira ndandanda wa amene anayendetsa bwino msewuwo chiyambire. Za tsikulo sizinaloweko n'komwe, munali zakale zokhazokha.

ABABA 4:12. LASI 4:13. ABABA 4:15. LASI 4:16. ABABA 4:21. LASI 4:22.

Mpaka pansi, choncho. Sekondi imodzi, nthawi iliyonse. Munthu amene pa Kamwendo ankaumaliza msewu umenewu mphindi ziwiri zisanakwane, kunyumba kuno sanapambanepo ngakhale tsiku limodzi.

"Lasi," anatero a Benedicto, akugogoda ndandandawo ndi chala. Sankamuitana ayi. Ankamuuza mwana wawo wamkazi mmene zimachitikira. Mbali yamoyo ya mlomo wawo inakwera m'mwamba, ndipo anaseka, kuseka kwa theka kumene kunagwedeza mapewa.

Mkuluyo ankadziwa. Zaka zitatu mwana akunamizira kugonja, bambo akunamizira kusadziwa, masana aliwonse, kenako n'kudya. Esnart analira pamenepo, kulira kwenikweni kumene sanalire kumanda chifukwa kumeneko anali kalikiliki ndi alendo. Kwacha anatuluka panja ndipo anamveka akumina kuseri kwa nyumba.

Rozi anatenthetsanso phala n'kuliika pakhomo. Esnart anatunga supuni, anauzira, n'kuifikitsa pamlomo. Mlomo unatseguka. Yachiwiri. Yachitatu. Sanawerengenso, ankangotunga mpaka supuni inayamba kukanda pansi pa mbale.

Kwacha anabwerera pakhomo, maso ali ofiira.

"Nanga za Loweruka?" anafunsa. Mawu ake sanalinso a msonkhano.

"Muwauze anzanuwo asavutike."

"Ntchito yako bwanji?"

Esnart anapisa m'thumba n'kutulutsa kapepala kokulunga simu kaja. Anakayang'ana, kenako anakaika pawindo, m'kachitini ka singano. "Uvuni suzizira chifukwa cha ine," anatero. "Koma kunyamula ndi kusambitsa sindingathe ndekha, achimwene. Mutu umodzi susenza denga."

Kwacha ankayang'ana bambo ake, amene anali atakokera kathabwa kaja kwa iwo ndi chala, n'kukatembenuza pamphasa. Anakakankha pang'onopang'ono, kudutsa Esnart, mpaka kanafika pafupi ndi nsapato za mwana wawo woyamba.

"Ine sindinagwirepo zimenezi," anatero Kwacha.

"Palibe chovuta," anatero Esnart akusonkhanitsa mbale. "Dzanja lamanja muike kumbuyo. Mukafika pafupi ndi mzere, mudikire."

Kwacha anavula nsapato. Pambali pa bambo ake mphasa inali yoperepeseka, yosalala, pamalo pamene munthu mmodzi anakhalapo masana aliwonse kwa zaka zitatu. Anakhala pomwepo.